Funsani za Chingerezi: "definitely" ndi abale ake

Makalata ambiri a mwezi uno akhudza mawu amodzi a Chingerezi, "definitely", pamodzi ndi anzake amene amayenda nawo, monga "certainly", "surely" ndi "of course". Tawaika pamodzi, ndipo ena tawafupikitsa.

FUNSO: Akonzi, m'chimangirizo chofotokoza za ukwati wa achemwali anga ndinalemba kuti "The food was definitely good." Ndimafuna kunena kuti chakudya chinali chabwino ndithu. Aphunzitsi anadula mzere kunsi kwa "definitely" n'kuika chizindikiro chofunsa m'mphepete. Koma mu mtanthauziramawu wanga alembamo kuti "definitely" ndi "ndithu". Ndaphonya pati? Wophunzira wa Fomu 4, Zomba.

YANKHO: Pa malamulo a chiyankhulo simunaphonye, chiganizocho chaima bwino. Chimene aphunzitsi anuwo akufunsa n'chakuti, kodi alipo amene amatsutsa kuti chakudyacho chinali chabwino? "Definitely" ndi muonjezi wa ntchito imodzi basi: kuuza womvera kuti woyankhulayo alibe chikayiko ngakhale pang'ono. Sanena za kukoma kwa chakudya, amanena za mtima wa wonenayo. Choncho Mngerezi akawerenga chiganizo chanucho amaganiza kuti mwina wina anadandaula kuti mpunga unali wosapsa ndiye inu mukumutsutsa, kapena mukufuna kupitiriza kuti chakudya chokha ndicho chinali bwino koma zina zinasokonekera.

Mawuwa anachokera ku mfotokozi "definite", amene Chingerezi chinamutenga ku Chilatini, ku mneni "definire", kutanthauza kuika malire. "Finis" m'Chilatini ndi malire kapena mathero. Chinthu chikakhala "definite" chili ngati munda umene amfumu anaponda kale malire ake, palibenso zoti mwina apa, mwina apo.

Vuto lagona pa "ndithu" wathuyu, amene amagwira ntchito zingapo. Mukati "Abwera ndithu, ndawaona akukwera minibasi", mukutsimikiza, ndipo apa "definitely" amalowa bwino: "He is definitely coming." Koma mukati "Kunabwera anthu ambiri ndithu" kapena "Papita nthawi ndithu", simukutsimikizira wina aliyense, mukungosonyeza kuchuluka kwake. Chingerezi chake ndi "quite a lot of people" ndi "quite a long time". Chakudya cha paukwati chija chili m'gulu limeneli, ndipo munayenera kulemba "The food was really good" kapena "very good". Musathamangire "quite good", chifukwa kwa anthu a ku Britain mawu amenewa nthawi zambiri amatanthauza kuti chinali chabwinoko chabe. Palinso "ndithu" waulemu, uja timauza mlendo akati "Odi", ife n'kuti "Lowani ndithu". Ameneyo ndi "Do come in" kapena "Please come in".

Musanalembe, yesani kuchotsa "ndithu" n'kuyamba chiganizocho ndi "sindikukayika". "Sindikukayika, abwera" chikumveka, ndiye kuti "definitely" alowa. "Sindikukayika, lowani" sichikumveka, ndiye kuti mufune mawu ena.

FUNSO: Ndimagwira ntchito ya ulembi pa ofesi ina. Abwana analemba pa gulu lathu la WhatsApp kuti tonse tifike 7 koloko Lolemba, ine n'kuyankha pa foni. Kenako ndinaona anzanga akuseka, poti uthenga wanga unatuluka kuti "I will defiantly be there." Kodi si mawu amodzimodzi? Nanga kalembedwe koyenera ndi kati, poti ena ndimawaona akulemba "definately"? Mayi wa ku Lilongwe.

YANKHO: Ndi mawu awiri osiyana kutalitali, mayi. "Defiantly" amachokera ku "defy", kunyoza lamulo kapena kuderera wamkulu mosabisa. Uthenga wanuwo unauza abwana kuti mufika, koma mwamwano, ngati kuti anakuletsani. Chimachitika n'chakuti chala chimalemba "definatly" kapena zina zokhala ndi "a", ndiye foni pofuna kukonza imasaka mawu oyandikana ndi zimene mwalembazo, n'kupeza "defiantly". Pa mafoni ambiri a Android, mukadina ndi kugwira mawu amene foni yakuikirani pamwamba pa kiyibodi, imakupatsani mwayi wowachotsa kuti asamabwerenso.

Kalembedwe koyenera kali ndi malembo 10: d-e-f-i-n-i-t-e-l-y. Mulibe "a" ndi mmodzi yemwe. Eni chinenerowo nawonso amalakwitsa kwambiri mawu amenewa, ndipo chifukwa chake n'chomveka. Liwu la m'phatikizo lachitatu silimveka bwino pakamwa, komanso pali mawu ambiri othera ndi "-ately" amene amamveka chimodzimodzi, monga "immediately", "separately" ndi "unfortunately". Kuti musaiwale, kumbukirani m'bale wake "definition", amene "ni" wake amamveka poyera. Kapena dulani mawuwo patatu: de, finite, ly. Onaninso kuti "e" wakumapeto kwa "definite" sachoka mukaphatikiza "-ly", monganso mu "absolutely" ndi "completely". Alipo ena amene amataya "e", monga "truly" ndi "duly".

Pali kulakwitsa kwina kumene n'kwathu kwathu: "definitery". M'Chichewa "l" ndi "r" sasiyanitsa tanthauzo la mawu, ndipo kalembedwe kathu kamafuna "r" pamene pali "e" kapena "i" kumanzere kwake, monga mu "bwera", "lira" ndi "lemera". Dzanja lozolowera Chichewa likafika pa "e" wa "definite" limangopitiriza ndi "r". M'Chingerezi muonjezi wotere amathera ndi "-ly" nthawi zonse.

Pa katchulidwe, mphamvu ili pa phatikizo loyamba: DE-fi-nit-li. Ife tinazolowera kukoka phatikizo lachiwiri kuchokera kumapeto, ndiye ambiri amati "defiNAITli", potengeranso "finite" amene payekha amatchulidwa "fainait". Mu "definitely" liwu la "ai" mulibe. Poyankhula mofulumira eni ake amameza phatikizo lachiwiri, n'kumveka ngati "DEF-nit-li".

FUNSO: Ndimaphunzitsa Sitandade 7. M'makope a ana ndimapeza "I will come definitely", "Definitely I will come" ndi "I saw definitely him". Zolondola ndi ziti, ndipo ndingawaphunzitse bwanji kuti asamangoponya mawuwa paliponse? Mphunzitsi wa ku Dedza.

YANKHO: Aphunzitsi, mwa zitatuzo chachitatucho ndicho cholakwika kotheratu. Ziwiri zoyambazo zimamveka pocheza, koma malo enieni a "definitely" ndi pakati pa chiganizo, pafupi ndi mneni. Tigwiritsa ntchito mawu oti kumanzere ndi kumanja, poti "patsogolo" ndi "pambuyo" amasokoneza ana pa nkhani ya zolemba.

Chiganizo chikakhala ndi mneni mmodzi, "definitely" amakhala kumanzere kwake: "She definitely paid." Mneni ameneyo akakhala "am", "is", "are", "was" kapena "were", zimatembenuka, amakhala kumanja: "She is definitely the owner." Pakakhala mneni wothandiza, monga "will", "has", "can" kapena "should", amalowa pakati pa wothandizayo ndi mneni weniweni: "They will definitely come", "He has definitely left", "The goat was definitely stolen." Othandizawo akakhala awiri, amatsatira woyamba: "They will definitely have finished by Friday."

Chenjerani ndi "have", chifukwa amavala malaya awiri. Mu "She definitely has the keys" ndi mneni weniweni wotanthauza kukhala ndi chinthu, ndiye muonjeziyo ali kumanzere. Mu "She has definitely lost the keys" ndi wothandiza chabe, ndiye muonjeziyo ali kumanja. Chinanso n'chakuti pa yankho lalifupi, pamene mneni weniweni wasiyidwa, "definitely" amabwerera kumanzere. Wina akafunsa "Will you come?", yankho ndi "I definitely will." Akafunsa "Is she the owner?", ndi "She definitely is."

Tsopano "I saw definitely him". Chingerezi sichilola muonjezi wotere kulekanitsa mneni ndi pamtherankhani wake. Ana anuwo sakuchita mwachisawawa, akutsatira Chichewa mokhulupirika. Mu "Ndinamuona ndithu", munthu woonedwayo ali m'kati mwa mneni, mu "-mu-". Mwana amamasulira "ndinaona" kukhala "I saw", n'kuponya "definitely" m'malo mwa "ndithu", kenako ndi pamene amakumbukira kuti "him" watsala. Mukawaonetsa pa bolodi kumene kulakwitsaku kukuchokera, amakusiya msanga kusiyana ndi kungowachongera.

Njira yosafuna ndalama ndi iyi. Dulani katoni zidutswa zisanu, mulembe mawu amodzi pa chilichonse: I, will, definitely, see, him. Ana asanu aime kutsogolo atagwira zidutswazo. Wogwira "definitely" aziyesa malo aliwonse, anzake m'kalasi aziwerenga mokweza n'kugamula. Kenako chotsani wogwira "will" ndipo "see" mumusinthe akhale "saw", aone kuti "definitely" sanasunthe pa mbali ya mneni. Pomaliza sinthani kukhala He, is, definitely, late, kuti aone kutembenuka kuja. Mphindi 10 zimakwana.

Ziwiri zowonjezera zoti mudziwe inuyo. "Definitely" sagwirizana ndi "may" kapena "might", chifukwa "It might definitely rain" ndi kunena kuti mwina kugwa mvula mosakayika. Komanso amalowa m'mafunso: "Are you definitely coming?" ndi funso la munthu amene anamva kale kuti mubwera koma akufuna mawu otsiriza asanagule nkhuku. "Certainly" salowa pamenepo, "Are you certainly coming?" sichimveka bwino.

FUNSO: Ndimagwira ntchito m'shopu ya zipangizo zomangira nyumba kuno ku Johannesburg. Bwana anandifunsa kuti "Aren't you working on Saturday?" Ine ndinayankha kuti "Definitely", kutanthauza kuti inde, sindigwira. Loweruka m'mawa anandiimbira foni ali wokwiya kuti ndili kuti. Analakwa kumva ndi iye kapena ine? Bambo wa ku Johannesburg.

YANKHO: Pepani bambo, bwanayo anamva bwino. Pamenepa Chichewa ndi Chingerezi zimayenda mosemphana. Kwathu tikafunsidwa kuti "Simugwira Loweruka?", timayankha "Eya", kuvomereza zimene wofunsayo wanena, kuti eya, sindigwira. Mngerezi sayang'ana funsolo, amayang'ana chochitikacho: ngati agwira ndi "yes", ngati sagwira ndi "no", kaya funsolo linali ndi "not" kaya linalibe. "Definitely" akaima payekha ndi "yes" wamphamvu. Ndiye inu munalonjeza mwamphamvu kuti mubwera. Yankho lanu linayenera kukhala "Definitely not", ndipo pa nkhani ya ntchito kapena ndalama ndi bwino kumaliza chiganizo chonse: "No, I'm definitely not working on Saturday."

Poti tafika pa "not", pali msampha wina pafupi pomwepo. Yerekezani ziganizo ziwiri izi: "He is definitely not coming" ndi "He is not definitely coming." Mawu ndi omwewo, angosinthana malo awiri. Choyamba chikunena kuti sabwera basi, musamudikire. Chachiwiri chikunena kuti sizinatsimikizike kuti abwera, akhoza kubwera kapena ayi. Amene ali kumanzere ndiye amalamulira mnzake. "Definitely" akatsogola, mukutsimikiza kukanako. "Not" akatsogola, mukukana kutsimikizako.

Pa chifukwa chimenechi, mneni wothandiza akaphatikana ndi "not" kukhala "won't", "didn't", "can't" kapena "isn't", lamulo lija lakuti "definitely" atsatire wothandiza siligwiranso. Amadumphira kumanzere: "I definitely won't sell it", "The cement definitely didn't arrive." Mukamuika kumanja, tanthauzo lasintha. Kasitomala akamva "I definitely can't tell you the price" adziwa kuti mwaletsedwa kunena mtengo. Akamva "I can't definitely tell you the price" adziwa kuti mtengowo simukuudziwa bwino, ndipo akhoza kukupemphani kuti mungoyerekeza.

FUNSO: Ndine mkulu wa mpingo ndipo ndimalemba makalata a Chingerezi kwa alendo athu. Ndinalembera mlendo wochokera ku Scotland kuti "Surely we shall meet you at the bus station." Iye anayankha mofunsa ngati pali vuto la mayendedwe. Chikhalirecho m'Baibulo "surely" amatanthauza chinthu chosalephera. Zili bwanji? Bambo wa ku Chipata.

YANKHO: Bambo, m'Baibulo muli monga mwaneneramo. Baibulo la King James, limene linatuluka mu 1611, pa Genesis 2:17 limati "thou shalt surely die", ndipo la Chichewa pomwepo limati "udzafa ndithu". Ambiri a ife "surely" tinamudziwira kutchalitchi, n'chifukwa chake timamuona ngati mawu olemera a lonjezo. Koma zaka zoposa 400 zapitapo, ndipo m'Chingerezi cha lero, makamaka cha ku Britain, mawuwa anasintha ntchito. Akakhala koyambirira kwa chiganizo, amasonyeza kuti woyankhulayo akuganiza kuti zinthu ziyenera kukhala choncho, koma pali china chimene chikumudabwitsa kapena kumudetsa nkhawa, ndipo akufuna womverayo amuvomereze. Amafanana ndi "eti" wathu, kapena "zoona?" wodabwa uja.

"Surely you are not cycling to Katete in this rain?" ndi kunena kuti zoona mungapalase njinga mpaka ku Katete mvula yonseyi? "Surely he has arrived by now" ndi kunena kuti pofika pano akhala atafika, eti? Wonenayo sanamuone. Amene wamuona ndi maso amati "He has definitely arrived." Mlendo wanuyo anamva ngati inuyo mukudzilimbitsa mtima pa chinthu chimene simukuchidziwa bwino. Mukanalemba "We will definitely meet you at the bus station" kapena "We will certainly meet you", akanakwera basi mtima uli m'malo. Ndipo kulemba nthawi ndi malo enieni oimapo kumathandiza koposa muonjezi aliyense.

Tanthauzo lakale lija linatsalira m'mawu okhazikika ochepa, monga "slowly but surely". Muchenjerenso ndi "no doubt", amene naye anafooka chimodzimodzi. "No doubt he will be late" ndi kunena kuti mwachidziwikire achedwa monga mwa masiku onse, si lumbiro ayi. Mukafuna mphamvu yonse, nenani "without a doubt" kapena "undoubtedly".

FUNSO: Ndangoyamba kumene ntchito yoperekera zakudya pa malo ena ogona alendo m'mphepete mwa nyanja. Anzanga ena amayankha alendo "Definitely", ena "Of course", ena "Certainly". Aulemu ndi ati? Mnyamata wa ku Mangochi.

YANKHO: Zimatengera chimene mlendo wanena, achimwene. Akapempha chinthu, monga "Could I have some more water?", yankho la pantchito ndi "Certainly, madam" kapena "Certainly, sir". "Of course" nayenso ali bwino pamenepa, ndipo amamveka waubwenzi. "Definitely" si mwano, koma ndi wa pa macheza, ndipo pa pempho la madzi amamveka ngati panali mkangano woti madziwo abwera kapena ayi.

Mlendo akafunsa funso lofuna kudziwa chinthu, "of course" musamugwiritse ntchito. Akati "Is this chambo from the lake?" inu n'kuti "Of course", iye akhoza kumva ngati mukuti nanga ikanachokera kuti, funso lake n'lopanda nzeru. Inu mumafuna kunyadira nsombayo, koma mawuwo amatanthauza kuti nkhaniyo ndi yodziwika kwa aliyense. Ingonenani "Yes, it is." Mukaona kuti akukayika, ndi pamene "definitely" amagwira ntchito yake: "Yes, definitely, it came in this morning." Koma munene zimenezo ngati mukuzidziwadi. Mlendo akafunsa ngati m'chakudya mulibe mtedza chifukwa umamudwalitsa, "definitely" wongoganizira akhoza kumugoneka m'chipatala. Yankho labwino ndi "Let me check with the kitchen", mupite mukafunse ophika.

Pokana, pewani "Certainly not". Ndi mawu okalipa, a kholo kwa mwana amene wapempha zosayenera. "Definitely not" ndi wofatsako koma ndi wouma kwa mlendo. Akafunsa ngati khitchini ikadali yotsegula pomwe yatsekedwa, nenani "I'm afraid not."

Mumvanso "Absolutely", amene alendo amakonda povomerezana ndi zimene mwanena. Pophatikiza ndi mfotokozi, ameneyu amafuna mfotokozi wofika kale pamapeto: "absolutely delicious", "absolutely freezing". "Absolutely good" kapena "absolutely cold" sizimveka bwino, pamenepo ndi malo a "very". Ndipo mlendo akayamba ndi "certainly" poyamikira, tcherani khutu, chifukwa kawirikawiri kumbuyo kwake kumabwera "but": "The room is certainly clean, but the fan doesn't work." Nkhani yake yeniyeni ndi fani yakufayo.

FUNSO: Ndimasamalira okalamba kuno ku England. Mnzanga wa kuntchito wandiuza kangapo kuti "You must definitely come round for dinner sometime", koma tsiku satchula. Ndipite ndekha kapena ndidikire? Mayi wa ku Manchester.

YANKHO: Dikirani, mayi. Mawu ofunika m'chiganizocho si "definitely" koma "sometime". Kumeneko kuitana kopanda tsiku nthawi zambiri ndi njira yosonyezera chikondi potsanzikana, monga mmene ife timanenera kuti "Tionana" kapena "Mudzatiyendere". Kusiyana kwake n'kwakuti kwathu mukatulukira pakhomo osanena amakulandirani, pomwe kumeneko kufika mwadzidzidzi kumadabwitsa eni nyumba. "Definitely" pamenepo akutsimikiza kuti mnzanuyo amakukondani, osati kuti mphika uli pamoto. Mukafuna kudziwa ngati n'zenizeni, yankhani kuti "I'd love to. When suits you?" Akatchula tsiku, mwaitanidwa. Achinyamata kumeneko mudzawaonanso akulemba "defo" kapena "deffo" pa foni. Ndi chidule cha mawu omwewa, choyenera kwa anzanu basi, osati m'malipoti a kuntchito.

FUNSO: Ndikulemba lipoti la kafukufuku wa chaka chomaliza ku koleji. Ondiyang'anira afufuta "definitely" paliponse pamene ndinalemba, ngakhale pamene zotsatira zikuonekeratu. Chifukwa chiyani? Wophunzira wa ku Mzuzu.

YANKHO: Achita bwino, ndipo zifukwa zake ndi ziwiri. Choyamba, mawuwa ndi a pakamwa kwambiri kuposa a pa pepala. M'zolemba zamaphunziro amamveka ngati munthu akumenya tebulo. Chachiwiri n'chachikulu: "definitely" amatseka khomo la chikayiko chonse, pomwe kafukufuku wa m'midzi iwiri kapena itatu sangatseke khomo limenelo. Mukalemba kuti "Late planting definitely caused the low yield", woyesa mayeso angofunsa kuti nanga mvula, feteleza ndi mbozi munazichotsapo bwanji? Mukalemba kuti "The results suggest that late planting reduced the yield", mwanena zimene manambala anu angathe kuikira umboni.

Chodabwitsa n'chakuti mfundo yotsimikizika imalimba kwambiri ikakhala yopanda muonjezi. "Water boils at 100 degrees Celsius at sea level" sichifuna "definitely". Mukamuikapo, wowerenga amayamba kudzifunsa kuti kodi panali wotsutsa? N'chimodzimodzi m'kalata yofunsira ntchito. "I will definitely be a hardworking employee" aliyense angalembe, koma wolemba ntchito amafuna kuona zimene munachita, kuti ndi liti.

Akatswiri ena anafika poika manambala pa mawu otere kuti asamamvane molakwika. Bungwe la IPCC, limene limalemba malipoti a kusintha kwa nyengo, limagwiritsa ntchito "likely" pa chinthu chimene mwayi wake woti n'choona ndi 66 peresenti kapena kuposa, "very likely" pa 90 peresenti kapena kuposa, ndi "virtually certain" pa 99 peresenti kapena kuposa. Inu simukukakamizidwa kutsatira manambala amenewa, koma makwererowo ndi othandiza: "possibly" pansi, kenako "probably", kenako "almost certainly". Onani kuti polemba amati "almost certainly". "Almost definitely" amamveka pocheza, koma m'lipoti musamulembe. Pamene umboni wanu uli wamphamvudi, "clearly" amakwanira, bola tebulo la manambala likhale pafupi pomwepo.

FUNSO: Pa chikalata chimene anamata pa ofesi yathu alemba kuti msonkhano wa ogwira ntchito "has been postponed indefinitely". Ena akuti ndiye kuti mwina uchitika mwina ayi, ena akuti wathetsedwa. Zoona ndi ziti? Mlonda wa ku Blantyre.

YANKHO: Onse awiri aphonya pang'ono, bambo. Poona "in-" koyambirira munthu angaganize kuti "indefinitely" ndi kutembenuza kwa "definitely", kutanthauza "mokayikitsa". Ayi, mawuwa amanena za nthawi: kwa nthawi imene malire ake sanaikidwe. Msonkhanowo waimitsidwa ndipo tsiku lina silinatchulidwe. Pa pepala sunathetsedwe, chifukwa akanathetsa akanalemba "cancelled", ngakhale kuti zinthu zoimitsidwa motere zina zimafera pomwepo. Wantchito akauzidwa kuti "suspended indefinitely", sanachotsedwe ntchito, koma sanauzidwenso tsiku lobwerera, ndipo ndi bwino kupempha kalata yofotokoza chifukwa chake ndi zimene zitsatire. Mukafuna kunena kuti chinthu n'chokayikitsa, mawu ake ndi "not definitely", "possibly" kapena "perhaps".

Pali m'bale winanso amene amasokoneza, "definitively", wokhala ndi "iv" pakati. Ameneyu amatanthauza mothetsa nkhani, moti sipadzakhalanso kubwerezanso. "The matter was definitely settled" ndi kunena kuti ine sindikukayika kuti nkhaniyo inakambidwa n'kutha. "The matter was definitively settled" ndi kunena kuti inatha mwa njira yoti palibe angaidzutsenso.